Potsata msewu wa akasinja, kuchokera ku Termez mpaka ku Herat

Lachiwiri, Hairatan

Ndawoloka Amu Darya masana ano. Mtsinjewu ndi wotakata, madzi ake ndi amatope, ndipo mlatho wake ndi wachitsulo, wotalika mamita opitirira 800, njanji ili pakati. Kumbuyo ndasiya Termez, mzinda wa ku Uzbekistan. Kuno ndi ku Hairatan, khomo la kumpoto la Afghanistan. Ndalowera dala njira ino chifukwa ndikufuna kutsata msewu umene asilikali a Soviet Union anatsata, kuyambira pomwe anaponda koyamba.

Anayamba kuwoloka pa 25 Disembala 1979. Nthawi imeneyo mlathowu kunalibe, anangoyala wina woyandama pamadzi pafupi ndi Termez, akasinja n'kumadutsa usana ndi usiku, kwinaku ndege zikutsitsa asilikali ena ku Kabul ndi ku Bagram. Umene ndayendapowu anaumaliza mu 1982 nkhondo ili mkati, ndipo anautcha Mlatho wa Ubwenzi. Pa 15 Febuluwale 1989, mkulu wa asilikali Boris Gromov anauwoloka wapansi kubwerera kwawo atolankhani akujambula. M'zaka zapakatipo asilikali a Soviet pafupifupi 15,000 anafa, anthu a ku Afghanistan anafa pafupifupi 1 miliyoni, ndipo opitirira 5 miliyoni anathawira ku Pakistan ndi ku Iran. Dziko lonse linali ndi anthu pafupifupi 15 miliyoni. Ndiye kuti pa anthu atatu alionse, mmodzi anasiya khomo lake n'kukakhala kuchilendo.

Pachipata cha malire pali anyamata a Taliban. Amene wayang'ana chiphaso changa anakolowekera mfuti ya ku America paphewa, mnzake pambali pake anagwira Kalashnikov yakale. Onse awiri anabadwa asilikali a Soviet atapita kale. Womasulira wanga ndamupeza akundidikira kunja kwa mpanda. Iyeyu anabadwira mumsasa wa othawa kwawo pafupi ndi Peshawar, ndipo atamva kuti kwathu ndimaphunzitsa, wayamba kundiitana kuti ustad.

Lachitatu, Mazar-i-Sharif

Kuchokera ku Hairatan kufika kuno ndi makilomita pafupifupi 75, mchenga wokhawokha. M'mawa ndinapita ku mzikiti wabuluu umene uli pakati pa mzinda, wa nkhunda zoyera zosawerengeka. Koma zenizeni za lero ndazimva madzulo, m'nyumba yomwera tiyi, pamene womasulira anandikhazika ndi bambo wina wachikulire amene anali mphunzitsi m'zaka za m'ma 1970. Tinakhala pakapeti, tiyi wobiriwira akubwera m'tiketulo timodzitimodzi.

Ndinawafunsa za asilikali a Soviet. Anapukusa mutu. "Ustad, mwayambira pakati. Magazi anayamba kukhetsedwa a Shuravi (a Soviet) asanabwere. Tinayamba tokha."

Nkhani yake ili motere. Mfumu Zahir Shah inalamulira kuyambira 1933 mpaka 1973, pamene msuweni wake Mohammad Daoud Khan analanda boma mfumuyo ili ku Italy. Chipani cha chikomyunizimu, PDPA, chinali chitakhazikitsidwa pa 1 Januwale 1965, koma pofika 1967 chinali chitagawikana pawiri: gulu la Khalq la Nur Muhammad Taraki ndi Hafizullah Amin, ndi gulu la Parcham la Babrak Karmal. Anthu ake anali ochepa, aphunzitsi, ophunzira a ku yunivesite, ndi akuluakulu a asilikali amene ambiri anakaphunzira ntchito ku Soviet Union. Pa 27 Epulo 1978 akuluakulu amenewa anatulutsa akasinja ndi ndege n'kuzinga nyumba ya boma ya Arg ku Kabul. Kutacha Daoud anali ataphedwa pamodzi ndi abale ake ambiri, amayi ndi ana omwe.

Boma la Taraki linayamba kutulutsa malamulo motsatizana. Lamulo la nambala 6 linafafaniza ngongole za alimi osauka. La nambala 7 linatsitsa malowolo kufika pa ma afghani 300 n'kuletsa kukwatiwitsa mtsikana wosakwana zaka 16. La nambala 8 linati banja lisakhale ndi minda yabwino yopitirira mahekitala 6, yotsalayo igawidwe kwa opanda minda. Ndinawauza bambowa kuti ine ndikamva malamulo amenewa mtima wanga umawavomera, chifukwa umphawi wa mlimi wobwereka munda ndi weniweni, ndipo kukwatiwitsa mwana ndi nkhanza kulikonse.

Anandiyankha modekha kuti iwonso pachiyambi anakondwera. Koma mlimi anapatsidwa munda wopanda madzi, wopanda mbewu, wopanda ng'ombe zolimira, popeza zonsezi ankazipeza kwa mwini munda yemwe uja amene tsopano anali m'ndende kapena atathawa. Ambiri anakana n'kukana komwe kulandira, ati kudya za m'munda wa mwini n'tchimo. Anyamata a chipani ankafika m'mudzi ndi mfuti, kukakamiza amayi kukaphunzira kuwerenga pamaso pa amuna achilendo, ndipo mtsogoleri wa mzikiti kapena mkulu wa mudzi akatsutsa ankamukweza galimoto. Mu Okutobala 1978 anachotsa mbendera yakale n'kukweza yofiira. Chaka chisanathe, zigawo zingapo zinali zitagalukira boma.

Lachinayi, Salang

Tanyamuka kusanache. Msewu umadutsa pampata wa miyala wa Tashqurghan, kenako Samangan, Pul-e-Khumri, Doshi, n'kuyamba kukwera mapiri a Hindu Kush. Dalaivala wathu salankhula zambiri, koma pa phiri lililonse loyang'ana msewu amaloza ndi chibwano pamene panali kampando ka asilikali. Makoma ena a dothi akadalipo.

Pamwamba pali msewu woboola phiri wa Salang, wotalika makilomita oposa 2.5, pamtunda wa mamita pafupifupi 3,400. Anaumanga ndi akatswiri a ku Soviet Union ndipo unatsegulidwa mu 1964, pa nthawi imene Moscow ndi Washington ankapikisana kumangira dziko lino misewu, madamu ndi mabwalo a ndege. Unalumikiza kumpoto ndi Kabul, ndipo mpaka lero ufa, mafuta ndi simenti zimadutsa momwemu. Patapita zaka 15, msewu womwewu ndiwo unanyamula akasinja. Mkati muli mdima, fumbi ndi utsi wa malole moti maso amalira. Mu Novembala 1982 moto unabuka m'menemu mdipiti wa magalimoto a nkhondo uli mkati, ndipo anthu ambiri anafa ndi utsi.

Potsetsereka kumwera taima pamalo ogulitsira tiyi ndi buledi wa naan. Midzi ya m'mphepete mwa msewu uno ili ndi nkhani imene sindinkaidziwa bwino ndisanabwere. Chakumapeto kwa Januwale 1989, kutatsala masabata atatu okha kuti msilikali womaliza awoloke mlatho uja, asilikali a Soviet anaphulitsa midzi ya kumwera kwa Salang ndi mizinga ndi ndege kwa masiku angapo. Najibullah, amene ankatsala ndi boma ku Kabul, ankafuna kuti Ahmad Shah Massoud, mtsogoleri wa ma mujahidin (magulu omenyana ndi boma ndi a Soviet) m'chigwa cha Panjshir, afooketsedwe a Soviet asanachoke. Pangano la ku Geneva, loti asilikali a Soviet achoke, linali litasainidwa kale pa 14 Epulo 1988. Aliyense ankadziwa kuti nkhondo ya Soviet yatha. Anthu amene anafa sabata imeneyo, ambiri amayi, ana ndi nkhalamba, anafera zinthu zimene zinali zitaweruzidwa kale. Zandiwawa kwambiri.

Lachisanu, Panjshir

Pakhomo la chigwa pamafunika chikalata cha chilolezo, ndipo asilikali a Taliban kuno ndi ochuluka kuposa kwina kulikonse kumene tadutsa. Khomolo ndi lopapatiza, mtsinje mbali ino, thanthwe mbali inayo, msewu wongokwana galimoto ziwiri. Ukangolowa, chigwa chimatambasuka: minda ya tirigu, mitengo ya mabulosi, mtsinje wothamanga wamadzi oyera. Munthu ukaona khomo limeneli sufunanso wokufotokozera chifukwa chake akasinja anavutika kuno.

Pakati pa 1980 ndi 1985 asilikali a Soviet pamodzi ndi a boma la Kabul anachiukira chigwa chino mobwerezabwereza, chifukwa anthu a Massoud ankatsika kuno n'kukatchinga msewu wa Salang. Nthawi iliyonse ankalowa, kulanda midzi ya m'munsi, ma mujahidin n'kukwera m'zigwa zing'onozing'ono za m'mbali. Akangochepetsa asilikali, eni ake ankatsikanso. Mu 1983 mpaka anagwirizana ndi Massoud kuleka kaye kumenyana. Mu Epulo 1984 anabweranso ndi ndege zouluka m'mwamba kwambiri zoponya mabomba ngati mvula, koma Massoud anali atamva kale ndipo anali atasamutsa anthu. Anaphulitsa midzi yopanda anthu. Iye anadzaphedwa pa 9 Seputembala 2001 ndi anthu awiri odzionetsa ngati atolankhani, ndipo manda ake ali paphiri pafupi ndi Bazarak.

Zigoba za akasinja zikadalipo, zina m'mphepete mwa mtsinje zikutchinga madzi kuti asakokolole minda, ngakhale zambiri zinadulidwa n'kugulitsidwa ngati zitsulo zakutha. Mlendo aliyense amazijambula, inenso ndajambula. Koma mlimi amene anatipatsa mabulosi ouma osinja pamodzi ndi mtedza analankhula za ngalande. Kuno ulimi wonse ndi wothirira, ndipo m'madera ambiri a dziko lino madzi amayenda m'ngalande za pansi pa nthaka zotchedwa karez, zina zokumbidwa ndi makolo akalekale. Nkhondo itakanika kugwira omenya, inatembenukira pa amene ankawadyetsa: kuphulitsa ngalande, kutentha tirigu, kupha ziweto, kuti mudzi usamuke. Othawa kwawo 5 miliyoni aja anachokera pamenepa. Womasulira anamufunsa mwaulemu, "Kaka jan, mabomba a m'nthaka anatha?" Mkuluyo anatiloza miyala yopakidwa penti m'mbali mwa phiri: yoyera kusonyeza mbali yoyeretsedwa, yofiira kusonyeza kuti usaponde. Ndege zinkamwaza timabomba tapulasitiki tamapiko, tobiriwira, tokwana m'dzanja, ndipo ana ambiri anaduka manja potitola.

Apa ndinakumbukira ku Ntcheu kumene ndinakulira. M'zaka zomwezo za m'ma 1980, abale athu a ku Mozambique ankakhamukira kwathu kuthawa nkhondo ya FRELIMO ndi RENAMO, mpaka anadzapitirira 1 miliyoni m'Malawi, ndipo nawonso anasiya minda yodzadza mabomba. Bungwe la HALO Trust, limene linayamba ntchito yofukula mabomba kuno ku Afghanistan mu 1988, linagwiranso ntchito ku Mozambique. Kumeneko analengeza mu 2015 kuti ntchito yatha. Kuno ikadalipo.

Loweruka, Kabul

Tsiku la pamsewu. Tadutsa Charikar ndi chigwa cha mphesa cha Shomali, ndipo bwalo la ndege la Bagram taliona patali. Analimanga ndi thandizo la Soviet Union m'zaka za m'ma 1950, linakhala phata la ndege zawo zankhondo m'zaka za m'ma 1980, kenako a ku America analikuza kuyambira 2001, n'kuikamo ndende, mpaka anachokamo usiku kumayambiriro kwa Julayi 2021. Kwathu timati mlendo ndi mame, koma alendo awa, oyamba anakhala zaka 9, achiwiri zaka 20, onse pabwalo limodzi.

Tafika mu Kabul dzuwa likulowa. Nyumba zakwera mapiri onse ozungulira mzinda. Ndatopa, ndipo fumbi la Salang likadali pakhosi.

Lamulungu, Kabul

Kuno sabata imayamba Loweruka, choncho lero mzinda uli pikitipikiti. Tinayamba ndi kumwera chakumadzulo, kumathero a msewu wautali wowongoka, kumene kuli nyumba yachifumu ya Darul Aman imene mfumu Amanullah Khan inamanga m'zaka za m'ma 1920. Inakhala bwinja kwa zaka zambiri ndipo anaikonza mu 2019. Kuseri kwake, paphiri, kuli nyumba ina yotchedwa Tajbeg. Ndiyo ndinkafuna kuona.

Pofika Seputembala 1979 akuluakulu a Khalq anali atayamba kudyana. Amin anachotsa Taraki pampando, ndipo patangopita milungu yochepa Taraki anaphedwa pomutseka mpweya ndi pilo. Ku Moscow anakhumudwa, ndipo anayamba kumukayikira Amin kuti mwina atembenukira ku America. Amin yemweyo ankapempha asilikali a Soviet kuti abwere kudzamuthandiza, ndipo pamene ndege zinkatera ku Kabul iye ankaganiza kuti abwenzi afika. Pa 27 Disembala anamuthirira poizoni m'chakudya chamasana ku Tajbeg. Madokotala a Soviet, osadziwa za chiwembucho, anamutsitsimutsa. Madzulo ake asilikali apadera a Soviet, ena atavala yunifolomu ya Afghanistan, anathyola nyumbayo n'kumupha. Usiku womwewo mawu a Babrak Karmal anamveka pa wailesi ngati akuchokera ku Kabul, pamene ankaulutsidwa kuchokera kutsidya la mtsinje, m'dziko la Soviet Union. Munthu amene asilikali achilendo anati anawaitana ndiye anayamba kumupha.

Anthu a mu Kabul sanakhale chete. Mu Febuluwale 1980 anatseka masitolo, usiku n'kukwera pamadenga kufuula Allahu Akbar mzinda wonse, ndipo mazana anaphedwa m'misewu. Miyezi iwiri pambuyo pake atsikana a sukulu anatsogolera zionetsero, nawonso anawomberedwa.

Masana tinaitanidwa ku Mikrorayon, mafulati a konkire amene anayamba kumangidwa ndi a Soviet m'zaka za m'ma 1960. Akadali malo amene anthu amasirira kukhalako. Mwini nyumba, bambo amene anagwira ntchito m'boma m'zaka za m'ma 1980, anatikonzera mpunga wa nyama ya nkhosa, zoumba ndi kaloti. Iwowa amamukumbukira bwino Najibullah, Dokotala Najib monga amamutchulira. Anatiwerengera: makuponi a ufa ndi mafuta ophikira kwa ogwira ntchito m'boma, mabasi a magetsi, sukulu ya Polytechnic, amayi ogwira ntchito ya udokotala ndi uphunzitsi, ngakhale mnyamata wa kuno, Abdul Ahad Momand, amene anapita m'mlengalenga mu 1988. Akazi awo anamaliza yunivesite nthawi imeneyo. Mdzukulu wawo wamkazi analekera kalasi 6, pakuti kuyambira 2021 atsikana saloledwa kupitirira pamenepo. Polankhula zimenezi mawu awo ananjenjemera, ndipo sindikanawatsutsa.

Anatikumbutsanso kuti boma la Najibullah silinagwe a Soviet atangochoka, monga ambiri ankayembekezera. Linagonjetsa ma mujahidin ku Jalalabad mu 1989 ndipo linakhala zaka zina zitatu, kufikira Soviet Union itatha, mafuta ndi ndalama zitaleka kubwera, mkulu wa asilikali ake Abdul Rashid Dostum n'kulitembenukira mu 1992. Kabul, amene nkhondo ya Soviet inamusiya ali chilili, anagumulidwa ndi magulu a ma mujahidin pomenyana okhaokha pakati pa 1992 ndi 1996, ndi zida zimene America, Saudi Arabia ndi Pakistan anawapatsa, makamaka mizinga ya mtsogoleri wa gulu limodzi, Gulbuddin Hekmatyar, amene analandira gawo lalikulu. Najibullah anabisala ku maofesi a United Nations mpaka Seputembala 1996, pamene a Taliban anamupha n'kumupachika pamphambano.

Zonsezi n'zoona. Komanso n'zoona kuti Najibullah yemweyo, asanakhale mtsogoleri mu 1986, anayendetsa KhAD, apolisi achinsinsi a boma, kuyambira 1980 mpaka 1985, ndipo m'zipinda za KhAD anthu zikwizikwi anazunzidwa ndi magetsi ndi zikoti. Ufa wa makuponi unkadyedwa mu Kabul pamene midzi ya ku Panjshir, Kunar ndi Logar inkapsa. Ndinawafunsa za zimenezi mosamala. Anati, "Tinkamva," n'kundithirira tiyi wina.

Lolemba, Pul-e-Charkhi

Kum'mawa kwa mzinda, pamsewu wopita ku Jalalabad, kuli ndende ya Pul-e-Charkhi. Mlendo salowa, ndipo kujambula n'kosayenera, choncho tinaima patali. Inayamba kumangidwa nthawi ya Daoud, nyumba zake zoyalidwa ngati masipoko a gudumu. Lero tinapita ndi amalume ake a womasulira wanga, bambo wa ndevu zoyera amene iye amawaitana mama jan. Anavomera kubwera pokhapokha ndilembe zimene anene, koma dzina lawo ayi.

Mkulu wawo anali mphunzitsi wa sekondale. Sanali msilikali, sanali wa chipani chilichonse. Usiku wina chakumayambiriro kwa 1979 kunabwera galimoto, amuna aja anati akufuna kungomufunsa mafunso pang'ono, abweranso posachedwa. Anatuluka atavala patapata. Mayi awo anayenda ku ndende ino miyezi yambiri atanyamula zovala ndi chakudya, kumapereka kwa alonda pachipata, osadziwa ngati zikufika.

Miyezi 20 yokha ya ulamuliro wa Taraki ndi Amin, kuyambira Epulo 1978 mpaka Disembala 1979, inameza anthu ochuluka chotere: atsogoleri a mizikiti, aphunzitsi, ophunzira, akuluakulu a asilikali, mafumu a m'midzi, eni minda, anthu a mtundu wa Hazara ambirimbiri, ngakhale achikomyunizimu anzawo a Parcham. Amuna ambiri a banja lodziwika la Mujaddidi anatengedwa mu Januwale 1979 ndipo sanaonekenso. Musa Shafiq, amene anakhalapo nduna yaikulu, anaphedwa. Usiku magalimoto ankatuluka m'ndende muno kupita ku bwalo lina chapafupi lotchedwa Polygon, kumene maenje anali atakumbidwa kale. Msilikali wa Soviet anali asanawoloke mtsinje.

Karmal atalowa analengeza kuti akaidi amasulidwa. Mu Januwale 1980 khamu la anthu linasonkhana pachipata chomwe tikuchiona patalicho, aliyense kudikira wake, mpaka ena anathyola zitseko kulowa kukafufuza okha m'zipinda. Amalumewa anali pomwepo ndi mayi awo. Anadikira mpaka womaliza atatuluka.

Mu Seputembala 2013 ofufuza milandu a ku Netherlands, potsata mlandu wa munthu wina amene anagwirapo ntchito mwa apolisi achinsinsi a nthawiyo, anatulutsa mndandanda wa mayina pafupifupi 5,000 a anthu ophedwa mu 1978 ndi 1979. Unalembedwa ndi boma lomwelo, mwadongosolo: dzina, dzina la bambo, ntchito, kwawo, mlandu. Mtsogoleri wa nthawiyo Hamid Karzai analengeza masiku awiri a maliro. Mwana wa amalumewa ndiye anapeza dzinalo pa intaneti. Anachita mapemphero a maliro patapita zaka 34, mayi aja atamwalira kale, ndipo manda palibe. Mayina 5,000 amenewo ndi kagawo chabe. Mabanja ena ambiri anafufuza mndandanda wonse osapeza kanthu.

Mafupa a Daoud Khan ndi abale ake anapezeka chakuno mu 2008, m'manda a anthu ambiri, ndipo anamuzindikira mwa zina ndi ka Korani kagolide kamene anapatsidwa ndi mfumu ya Saudi Arabia. Anamuika mwaulemu mu Malichi 2009. Mphunzitsi wa sekondale uja analibe chomuzindikiritsa chotero. Ndipo mu 2007 nyumba ya malamulo, mmene munakhala akuluakulu a mbali zonse za nkhondo, inavomereza lamulo lokhululukira onse amene anamenya nawo. Anadzikhululukira okha, ofedwa osafunsidwa. Ine ndikuona kuti bala lalikulu la dziko lino lili pano, ndipo sitimalijambula chifukwa lilibe chigoba chachitsulo choti tiimepo.

Pobwerera m'galimoto munalibe wolankhula. Titafika, amalume anakana kuti tipite osadya.

Lachiwiri, Kabul

Ndazungulira masitolo a makapeti ku Chicken Street. Pali makapeti olukidwa akasinja, ndege za helikopita ndi mfuti m'malo mwa maluwa. Luso limeneli linayamba m'zaka za m'ma 1980, ndipo atabwera a ku America oluka anangosintha mtundu wa ndege. Wogulitsa anandionetsa ina ya mapu a dziko lino, mzere wa akasinja ukutuluka cha kumpoto, chaka cha 1989 chitalukidwa pakona.

Zipupa zazitali za konkire zimene zinatchinga maofesi ndi nyumba za akazembe zikadali m'misewu yambiri. Nkhondo ya America inayamba pa 7 Okutobala 2001, ndipo pofika 2011 asilikali awo anali pafupifupi 100,000, osasiyana kwenikweni ndi chiwerengero cha a Soviet pachimake pawo. Kusiyana kulipo, sindikukana: panali zisankho, mawailesi ambiri, atsikana mamiliyoni kusukulu. Koma womasulira wanga, amene anapindula ndi sukulu zimenezo, akuti kumidzi ya kumwera anthu amakumbukira zitseko zothyoledwa usiku ndi maukwati ophulitsidwa ndi ndege. Boma la mu Kabul linkadaliranso ndalama ndi ndege za alendo, ndipo linagwa pa 15 Ogasiti 2021 alendowo asanamalize n'kunyamuka komwe. Pa 29 Ogasiti, kutatsala tsiku limodzi kuti achoke, bomba la ndege yopanda woyendetsa linapha anthu wamba 10 a banja limodzi mu Kabul muno, 7 mwa iwo ana. Ndinakumbukira midzi ya Salang.

Lachitatu, Herat

Ndabwera pa ndege. Herat ndi mzinda wa mitengo ya paini m'misewu, wa linga lakale pakati, ndi nsanja zazitali za Musalla zimene zinamangidwa nthawi ya mfumukazi Gawhar Shad m'zaka za m'ma 1400. Zambiri za pamalopa zinagwetsedwa mu 1885 polangizidwa ndi asilikali a Britain, poopa kuti a Russia angabisalemo akabwera, ndipo zotsala zinavulazidwanso ndi mizinga m'zaka za m'ma 1980. Imodzi yapendekeka, anaimangirira ndi zingwe zachitsulo.

Kuno ndiko kugalukira kwakukulu koyamba kunachitikira. Pa 15 Malichi 1979 alimi a m'midzi yozungulira analowa mumzinda ndi mafosholo, zikwanje ndi mfuti zakale, anthu a mumzinda n'kuwaphatikira, ndipo asilikali ambiri a gulu la 17 anatembenuka n'kukhala mbali yawo. Mmodzi wa iwo anali Ismail Khan, amene anadzakhala mtsogoleri wa ma mujahidin kuno. Anthu a chipani anaphedwa m'misewu, pamodzi ndi alangizi ena a Soviet. Kwa masiku angapo mzinda unali m'manja mwa eni ake. Boma linabwezera ndi ndege ndi akasinja, ndipo anthu zikwizikwi anafa, ambiri n'kukwiriridwa m'maenje kunja kwa mzinda.

Sabata yomweyo Taraki anaimbira foni Alexei Kosygin, nduna yaikulu ya Soviet Union, ku Moscow kupempha asilikali. Zolembedwa za zokambirana zawo zinatulutsidwa Soviet Union itatha. Akuluakulu a ku Kremlin anakana, ndipo zifukwa zawo zinali zolondola: asilikali awo akadzamenyana ndi anthu wamba, dziko lonse lapansi likadzawaona ngati olanda dziko la eni, ndipo zinthu zikadzangoipiraipira. Ankadziwa. Patapita miyezi 9 anthu omwewo anasintha maganizo.

Paphiri kumpoto kwa mzinda pali nyumba yosungiramo mbiri ya nkhondoyi, yozungulira, ya matailosi abuluu, yomwe inatsegulidwa mu 2010. Panja pali helikopita, akasinja ndi mizinga, ndipo pamakoma analembapo mayina a ofa. Ndinayenda kuzungulira khoma lonse womasulira akundiwerengera mayina ena.

Madzulo ano pafupi ndi kokwerera mabasi taona mabanja atakhala pa mitolo ya katundu, obwera kuchokera kumalire a Iran. Kuyambira kumapeto kwa 2023 Pakistan yakhala ikubweza anthu a ku Afghanistan, ndipo Iran nayonso ikuchita chimodzimodzi. Ambiri mwa iwo ndi ana ndi zidzukulu za aja anathawa mabomba a m'zaka za m'ma 1980, ndipo ena dziko lino akuliona koyamba. Womasulira wanga anacheza ndi bambo wina wa ana anayi amene kwawo kwenikweni ndi mudzi wina wa ku Ghor umene sanauonepo, ndipo sakudziwa ngati munda wa agogo ake ukadali m'manja mwa abale. Mawa m'mawa tikufuna chilolezo chopita ku Islam Qala, pamalire penipenipo, makilomita oposa 100 kumadzulo kwa kuno. Ngati atilola, ndidzalemba ndili komweko.